Nkhalango imene inamera pakati pa mfuti za ku Korea

Mu Okutobala 2018, kamera yodzijambulira yokha imene akatswiri a ku South Korea anaitchera m'nkhalango ya kum'mawa kwa malire a dziko lawo ndi North Korea inajambula mwana wa chimbalangondo chakuda. Chithunzicho chitatulutsidwa mu Meyi chaka chotsatira, akatswiriwo anati mwanayo anali wa miyezi 8 kapena 9. Mwana wamsinkhu umenewo sayenda yekha, ndiye kuti make anali chapafupi. Ndipo popeza malowo ndi otchingidwa ndi mipanda ya waya waminga mbali zonse ziwiri, banja limeneli silinachite kubwera kuchokera kwina. Linkaswana momwemo, pakati pa magulu awiri a asilikali amene akhala akulozana mfuti kuyambira mu 1953. Kum'mwera kwenikweni kwa dzikolo zimbalangondo zamtunduwu zinatsala pang'ono kutheratu, moti kuyambira mu 2004 boma linachita kuitanitsa zina kuchokera ku Russia n'kukazisiya m'phiri la Jirisan. Koma m'malire muja zinali kukhala zokha, popanda wozibweretsa kapena woziweta.

Malo amenewa dziko lonse limawatchula kuti DMZ. Anabadwa pa 27 Julayi 1953 ku Panmunjom, pamene anasainirana pangano losiya kumenyana patatha zaka zitatu za nkhondo imene inapha anthu mamiliyoni. Pangano la mtendere weniweni silinasainidwe mpaka lero. Anajambula mzere wodutsa dziko lonse kuchokera kunyanja ya kumadzulo kukafika kunyanja ya kum'mawa, mtunda wa makilomita pafupifupi 250, ndipo gulu lililonse linauzidwa kubwerera m'mbuyo makilomita awiri. Pakatipo panatsala lamba wa makilomita anayi m'lifupi. Anthu amene ankakhala mmenemo anasamutsidwa, kupatula midzi iwiri yokha yoyang'anana, Daeseong-dong kum'mwera ndi Kijong-dong kumpoto. Ngakhale dzina lake limanena za malo opanda zida, m'mphepete mwake ndi mwa malire odzaza zida kwambiri padziko lapansi, ndipo m'nthaka yake ndi ya madera oyandikana nawo muli mabomba okwirira oposa miliyoni imodzi.

Nthaka imeneyi sinali thengo chiyambire. Anthu anailima kwa zaka mazana ambiri, ndipo nkhondo inaisiya ili mbee, mapiri atametedwa ndi mizinga. Kenaka khasu linasiya kugwa. Minda ya mpunga inadzaza madzi n'kusanduka madambo, m'mizere yake munamera bango ndi misondodzi, mabwinja a midzi anakwiririka ndi tchire. Mitsinje inasiyidwa kuti iziyenda mokhotakhota monga ifunira, popanda woiwongola ndi simenti. Zonsezi zinkachitika pamene kum'mwera kunkamera mafakitale, misewu ikuluikulu ndi mizinda, ndipo kumpoto mapiri ankagwetsedwa mitengo chifukwa chosowa nkhuni ndi malo olima, makamaka m'njala ya zaka za m'ma 1990. Lamba uja ali ndi mwayi winanso: amadula dzikolo chopingasa, choncho amatenga pang'ono pa chilichonse. Kumadzulo kuli matope a kumathiriro a mitsinje ya Han ndi Imjin, pakati pali chigwa cha Cheorwon, kum'mawa kuli mapiri amiyala otsetsereka mpaka kunyanja.

Mu 2018 bungwe la boma la National Institute of Ecology linalengeza kuti m'dera limeneli mwapezeka mitundu 5,929 ya zomera ndi zamoyo zina. Mwa mitundu 267 imene South Korea inkaiwerengera kuti ili pangozi yotheratu, 101 inali mmenemo. Muli akatumbu m'mitsinje, amphaka akutchire amawangamawanga, agwape a mano otuluka kunja ngati minyanga, ndi mbuzi zakuthengo zotchedwa sanyang zimene zimakhala m'matanthwe a kum'mawa. M'nyengo yachisanu miimba ikuluikulu yakuda imabwera kuchokera ku Mongolia kudzakhala ku Paju ndi ku Cheorwon. Dambo la Yongneup, pamwamba pa phiri la Daeamsan, linakhala loyamba m'dzikolo kulembedwa pa mndandanda wa madambo otetezedwa wa Ramsar mu 1997.

Ziwerengero zimenezi tiyenera kuziwerenga mosamala. Katswiri sangangotenga chikwama n'kulowa m'DMZ kukawerenga mbalame. Chilolezo chimachokera kwa akuluakulu a asilikali a United Nations Command, ndipo wololedwayo amayenda m'tinjira ta asilikali tokha, chifukwa kupatuka phazi limodzi kukhoza kukhala kuponda bomba. Zambiri zimene zinawerengedwa zinaonedwa kuchokera kumpanda wa kum'mwera, kapena m'lamba wina wachiwiri amene anthu ambiri akunja samudziwa. Kum'mwera kwa DMZ kuli dera lofika makilomita khumi m'lifupi limene anthu wamba saloledwa kulowamo mwachisawawa. Alimi amalowamo m'mawa ataonetsa chiphaso pachipata cha asilikali, n'kutuluka dzuwa lisanalowe, ndipo muli midzi yowerengeka imene boma linakhazikitsa. Ine ndikuona kuti mtima wa nkhani yonseyi uli m'lamba wachiwiriyu, ndipo mboni yake ndi mbalame imene Akoreya amaitcha durumi.

Durumi ndi mbalame yaitali miyendo ndi khosi, yoyera, yakuda kukhosi ndi kumapiko, yokhala ndi kachigamba kofiira pamutu. Ikaimirira imafika mita imodzi ndi theka. Ku Korea, ku China ndi ku Japan imalemekezedwa ngati chizindikiro cha moyo wautali, ndipo imajambulidwa pa nsalu ndi pa mbale kuyambira kalekale. Padziko lonse zatsala masauzande owerengeka okha. Nkhondo itatha, ambiri ankaganiza kuti mbalameyi ndi m'bale wake wotuwa, jaedurumi, zasowa ku Korea. Mu 1974 George Archibald, mmodzi mwa amene anayambitsa bungwe la International Crane Foundation, anapita kumalireko n'kukazipeza zili m'madambo a pafupi ndi mipanda ya asilikali. Masiku ano m'chigwa cha Cheorwon mumafika adurumi oposa 1,000 chaka chilichonse m'nyengo yachisanu, ndi ajaedurumi masauzande angapo, kuchokera kumadambo a ku Russia, China ndi Mongolia kumene zimaswana.

Mbalamezi zimafuna zinthu ziwiri. Usiku zimagona zitaimirira m'madzi osaya, pamalo pamene chilombo kapena munthu sangazifikire mwakachetechete. Malo otere zimawapeza m'mitsinje ya m'DMZ, m'madamu a pafupi, ndi pa akasupe monga Saemtong, amene madzi ake saundana ngakhale kuzizire chotani. Kukacha zimafuna chakudya, ndipo chakudyacho sichili m'tchire losalimidwa lija. Chili m'minda ya mpunga ya alimi a ku Cheorwon, m'khunkha lotsala akakolola. Mbalame zimauluka kudutsa pamwamba pa waya waminga, n'kutera m'minda mmene mulibe magalimoto ambiri, nyumba kapena alenje, n'kumatola mpunga wogwa pansi tsiku lonse.

Kuti khunkha limeneli ndi lofunika motani, zinaoneka kumpoto. M'chigwa cha Anbyon ku North Korea munkafika adurumi oposa 200 chaka chilichonse mpaka m'zaka za m'ma 1980. Njala itagwa m'zaka za m'ma 1990, anthu anayamba kukunkha minda mpaka njere yomaliza, ndipo zotsala zinkadyedwa ndi abakha ndi mbuzi zapakhomo. Palibe angawadzudzule, munthu wanjala sasiyira mbalame mpunga. Koma mbalamezo zinasiya kufika ku Anbyon, ndipo nthawi yomweyo chiwerengero chake chinkakwera ku Cheorwon. Choncho durumi sanapulumuke chifukwa choti anthu kulibe ayi. Anapulumuka chifukwa anapeza malo ogona kumene anthu sangafike, moyandikana ndi minda ya anthu okhuta mokwanira kusiya khunkha, amenenso lamulo la asilikali linkawaletsa kumanga.

Tsopano minda imeneyi ikusintha. Alimi ambiri akakolola amakulunga mapesi a mpunga m'mapepala apulasitiki oyera n'kuwagulitsa kwa oweta ng'ombe, ndipo mapesi akachoka khunkha limachoka nawo. Ena amatembenuza nthaka atangokolola. Ena asiya mpunga n'kumanga mashedi apulasitiki olimamo masamba, kapena minda ya ginseng yophimbidwa ndi nsalu zakuda, mmene mbalame yaikulu singatere. Ngalande zadothi, momwe munkakhala achule ndi tinsomba, zikusanduka zasimenti. Mzere wotsekera anthu wamba wakhala ukusunthidwira kumpoto kangapo pofuna kupepukitsa moyo wa anthu okhala kumalire, ndipo paliponse pamene wachoka pamabwera makola a ziweto, misewu ndi nthambo zamagetsi. Mlimi wa ku Cheorwon sakulakwa pofuna kupeza bwino ngati anzake a kwina. Iye wakhala zaka zambiri akupempha chilolezo kuti alowe m'munda mwake momwe. N'chifukwa chake njira imene ikuthandiza ndi imene boma likutsata m'madera ena, yolipira alimi kuti asiye mapesi m'munda ndi kuthiramo madzi m'nyengo yachisanu. Ngati dziko lonse likunyadira mbalamezi, mtengo wake usagwere mlimi yekha.

Wina akamva zonsezi akhoza kuganiza kuti nkhondo ndi bwenzi la nyama. Ife a kuno sitingavomere zimenezo, chifukwa tinaona za ku Mozambique. Nkhondo ya pachiweniweni ya 1977 mpaka 1992, imene inathamangitsira anthu pafupifupi miliyoni imodzi ku Malawi, inapululanso nyama za ku Gorongosa. Asilikali anjala ankapha njati ndi mbidzi kuti adye, njovu ankaziphera minyanga yogulira zida, ndipo nkhondo ikamatha nyama zikuluzikulu zoposa 90 pa 100 zilizonse zinali zitapita. Mu 2018 Joshua Daskin ndi Robert Pringle anasindikiza kafukufuku m'magazini ya Nature wosonyeza kuti pakati pa 1946 ndi 2010 nkhondo zinakhudza malo 71 pa malo 100 aliwonse osungirako nyama mu Africa, ndipo kuchuluka kwa nkhondo ndiko kunkalosera bwino kwambiri kuchepa kwa nyama. Za ku Korea n'zosiyana chifukwa kumeneko kuwomberana kwakukulu kunaima, magulu onse awiri ali ndi mphamvu zoletsa aliyense kulowa, ndipo mkatimo mulibe gulu lankhondo lodalira nyama kuti lidye. Chimene chikusunga nkhalangoyo ndi mantha. Zili ngati mitengo ya kumanda m'midzi yathu: mudzi wonse utha kukhala wopanda mthunzi, koma kumanda kokha mitengo yachilengedwe ili njo, chifukwa palibe wolimba mtima wolowako ndi nkhwangwa.

Komanso mawu akuti malowa sanakhudzidwe ndi munthu amabisa zambiri. Mu 1968 ndi 1969 m'mphepete mwa mpanda wa kum'mwera munapoperedwa mankhwala opha zomera, kuphatikizapo Agent Orange, pofuna kuti adani asamabisale m'tchire. Asilikali amadula mitengo ndi kutentha udzu kuti aziona patali, ndipo moto ukalowa mkati palibe angaulondole wapansi, umangoyaka n'kumaphulitsa mabomba mpaka mvula kapena ndege zothira madzi zitauzima. Ndiye chifukwa chake mbali zambiri za kumadzulo ndi pakati si nkhalango yowirira, koma udzu ndi mitengo yaing'ono. Asilikali akhala akusimba za nguluwe zoduka mwendo. Magulu onse awiri anasunthiranso mipanda yawo kutsogolo, moti mu 2013 bungwe la Green Korea United linawerengera kuti malo a pakati pa mipanda achepa ndi magawo 43 pa 100. Mipandayo imatsekereza nyama zapansi m'kanjira kopapatiza, osakumana ndi zinzake za kumpoto kapena kum'mwera, ndipo kagulu kakang'ono kotsekeredwa kamafooka pakapita mibadwo. Mphekesera zoti mkatimo mukadali akambuku amizere zimakoma kumva, koma palibe kamera imene inajambulapo ngakhale mmodzi, ndipo lamba wopapatiza chotere sangakwanire chilombo chofuna dera lalikulu.

Matenda nawo sadziwa mpanda. South Korea inali itathana ndi malungo pofika mu 1979, koma mu 1993 anapezekanso mwa msilikali wa kumalire, ndipo mpaka lero madera a m'mphepete mwa DMZ ndiwo amene malungo amavuta. Mu Seputembala 2019 chigodola cha nkhumba chinabuka ku Paju, ndipo patangopita milungu yochepa chinapezeka m'nguluwe yakufa mkati mwa DMZ. Boma linamanga mipanda ya makilomita oposa 1,000 m'mapiri pofuna kutsekereza nguluwe. Kenaka m'nyengo yachisanu ya 2023 mpaka 2024 kunagwa chipale chofewa chochuluka, ndipo mbuzi zakuthengo zija, pofuna kutsika kukasaka chakudya, zambiri zinatsekerezedwa ndi mipandayo. Pafupifupi 1,000 zinapezeka zitafa. Nyama imene inapirira zaka 70 pakati pa mabomba inagwa chotere chifukwa cha waya womangidwira chinthu china.

Ndipo sindingathe kulemba za kukongola kwa malowa osanena za mtengo umene anthu alipira. Kuyambira mu 1988 anthu oposa 130,000 a ku South Korea analembetsa kuti akufuna kuonana ndi abale awo otsala kumpoto. Ambiri amwalira asanawaone, ndipo kukumana komaliza kunachitika mu Ogasiti 2018. Mabomba samakhala pamene anakwiriridwa, madzi osefukira amawakokolola n'kuwasiya m'minda ndi m'mphepete mwa mitsinje. Mu Juni 2021 munthu wina amene ankayeretsa m'dambo la Janghang, kumathiriro a mtsinje wa Han, anaduka phazi ataponda bomba, patangopita milungu yochepa damboli litalembedwa pa mndandanda wa Ramsar. Aliyense wokonda mbalame amene angafune kuti malirewa akhale chikhalire chifukwa cha mbalamezo waiwala anthu amenewa.

Funso lenileni ndi lakuti nkhalangoyi idzatani tsiku limene zipata zidzatseguke. Ke Chung Kim, katswiri wa tizilombo wa pa yunivesite ya Penn State, analemba m'magazini ya Science mu 1997 kupempha kuti malowa adzasungidwe, ndipo chaka chomwecho anathandiza kuyambitsa bungwe la DMZ Forum. Nelson Mandela, mmodzi mwa amene anayambitsa Peace Parks Foundation, bungwe limene lathandizanso malo osungirako nyama olumikiza Malawi ndi Zambia ku Nyika, anapereka ganizo la paki ya mtendere kwa Pulezidenti Kim Dae-jung atapita ku Seoul mu 2001. Pempho la South Korea ku UNESCO mu 2012, loti malowa alembedwe ngati malo osungirako chilengedwe, linaimitsidwa, ndipo mu 2019 bungwelo linavomereza madera awiri a kum'mwera okha, ku Gangwon ndi ku Yeoncheon. Mu 2018 zinthu zinkaoneka ngati zikuyenda: mbali iliyonse inagwetsa malo khumi olonderapo asilikali, ndipo paphiri la Arrowhead ku Cheorwon anachotsa mabomba kuti afukule mafupa a asilikali akale. Chaka chomwecho mitengo ya malo ku Paju inakwera kuposa madera ena ambiri m'dzikolo, chifukwa ogula anayamba kale kuwerengera misewu ndi mafakitale. Koma kumvana kwa mu 2018 kumeneku kunagwa. Kumapeto kwa 2023 North Korea inabwezeretsa alonda ake, mu 2024 inayamba kulambula tchire, kukwirira mabomba atsopano ndi kumanga zipupa, ndipo mu Okutobala chaka chomwecho inaphulitsa misewu yolumikiza mayiko awiriwa. Chidani chikakula nkhalango imalambulidwa ndi asilikali, ubale ukayamba imayezedwa ndi ogula malo.

Germany inadutsapo kale panjira imeneyi. Malire a pakati pa East Germany ndi West Germany, a makilomita pafupifupi 1,400, nawonso anasanduka pothawira mbalame ndi zomera zosowa. Kai Frobel anayamba kuwerenga mbalame m'mphepete mwa mpandawo m'zaka za m'ma 1970 ali mnyamata. Khoma la Berlin litagwa mu Novembala 1989, sipanathe mwezi ndi theka, iye ndi anzake a bungwe la BUND anasonkhanitsa okonda zachilengedwe a mbali zonse ziwiri mumzinda wa Hof, n'kugwirizana zoti lamba yense asungidwe. Anali ndi mndandanda wa zamoyo m'manja, ndipo anafulumira. Ngakhale zinali choncho, mbali zina zinalimidwa ndi kudulidwa ndi misewu malamulo asanakhazikike, ndipo panatenga zaka zambiri kuti nthaka ya boma iperekedwe kuti isungidwe. Chigawo cha Thuringia chinateteza gawo lake lonse mwalamulo mu 2018.

Ku Korea ntchitoyi idzakhala yolemera kuposa pamenepo. Malire ali pamtunda wa makilomita 50 okha kuchokera ku Seoul, ndipo anthu pafupifupi theka la dziko lonse amakhala mumzindawo ndi m'madera ouzungulira, kumene malo omangapo ndi golide. Zikalata za eni minda yambiri ya m'DMZ zinatayika m'nkhondo, ndipo zidzukulu za eni akewo zidzabwera kudzafunsa za nthaka ya makolo awo, monga aliyense angachitire. Kuchotsa mabomba mwachizolowezi kumafuna kudula mitengo ndi kufukula nthaka yonse yapamwamba, kumene ndi kupha nkhalango yomwe ikufunika kusungidwayo. Zinthu zimenezi sizingadikire tsiku la chikondwerero. South Korea ikhoza kuzikonza lero kumbali yake popanda kupempha aliyense: kulemba malamulo onena kuti ndi madambo ati amene sadzakhudzidwa, kugula minda yofunika kwambiri ya ku Cheorwon ndi ya m'mphepete mwa Imjin kapena kupangana ndi eni ake kwa zaka zambiri, kukonza zoti njanji ndi misewu yam'tsogolo idzadutse pa milatho kapena pansi pa nthaka, ndi kutsegula mipata m'mipanda ya nguluwe ija chisanu china choopsa chisanafike.